Timalirira Mwana wa Mmwenye, Wathu Ali pa Gombe

Mwera ukakalipa masiku atatu otsatizana, nyanja imaimitsa ntchito ya aliyense. Mabwato amakokeredwa kumtunda, zilimira zimayanikidwa pa mchenga, ndipo alovi amene anazoloŵera kugona usana ndi kugwira ntchito usiku amasoŵa poika maso ao. Masiku otere ndiwo amene tinyumba toonetsera kanema ta m'madoko a Nkhotakota, kuyambira ku Chia mpaka ku Dwangwa, timadzaza kufikira pa khomo. Madzulo ena a mwezi wa Julayi tinaloŵa m'kanyumba kamodzi kotere pothaŵa mphepo, tikudikira galimoto lopita ku boma. Munali filimu ya Chimwenye, mnyamata wina ataikamo mau a Chicheŵa pamwamba, akuyankhulira onse, amuna ndi akazi omwe, ndi liu lake limodzi lomwelo, nkumathirako nthabwala zake. Anthu anadzera nkhonya, ndipo nkhonyazo anazipeza. Koma panafika pamene bambo wa m'filimuyo, munthu woopedwa ndi mudzi wonse, anaima patali nkumayang'ana mwana wake wamkazi amene sankadziŵa kuti mlendo womulondayo ndiye bambo wake. M'nyumba monse munangoti zii. Ngakhale womasulira uja anaiŵala nthabwala. Mkulu wina amene anakhala patsogolo pathu anavula chipeŵa nadzipukuta nacho m'maso, nati utsi wa fodya wachuluka.

Nthaŵi yomweyo panaloŵa mtsikana wa zaka ngati khumi ndi zitatu, beseni la mandasi lili pa mutu. Kunja kunali kutada kale. Anagwada pambali pa mkulu uja nati: "Ababa, amai akuti ufa watha." Mkuluyo, osachotsa maso pa kanema, anayankha kuti: "Kaŵauze atsibweni ako."

Nkhani yathu mwezi uno yagona pa mau atatu amenewo, ndipo sitifuna kuikulunga m'masamba. Amuna a m'mbali mwa nyanja ino ali nao mtima wa ubambo, pakuti misozi ija siinali ya utsi ai. Koma mtima umenewo taubisa kuseri kwa mwambo umene ifeyo tinasiya kale kuusunga, ndipo amene akulipira bodza lathuli ndi ana athu aakazi. Wina adzati: kodi wansembe adziŵa chiyani za ana? Nzoona, sitinabalepo. Koma tili nao alongo, ndiponso ndife timagwira cholembera pamene mai wa zaka khumi ndi zisanu ndi chimodzi wabwera ndi khanda, ife nkufunsa dzina la bambo wa khandalo, kenaka dzina la bambo wa mai wakeyo, ndipo mayankho onse aŵiri amatuluka mochedwa, maso ali pansi.

Tiyambe tadziŵa kaye eni ake a mafilimu ameneŵa. Kuno kwathu filimu iliyonse ya anthu ovina m'mapiri timangoti ya Chimwenye, chonsecho India ndi dziko la zilankhulo zambiri, ndipo chilankhulo chilichonse chachikulu chili ndi mafilimu akeake. Imene tinaona ija ndi Viswasam, ya mu 2019, momwe Ajith Kumar ndiye bambo uja. Ndi ya Atamil, anthu oposa 70 miliyoni a m'chigawo cha Tamil Nadu kummwera kwa India, amene likulu lao ndi Chennai, mzinda umene mpaka mu 1996 unkatchedwa Madras. Si a mtundu umodzi ndi Amwenye aja amene agogo athu ankagulako nsalu, asanalamulidwe m'zaka za m'ma 1970 kuti atseke masitolo a kumidzi ndi kusamukira m'mizinda ikuluikulu. Aja ambiri anachokera ku Gujarat. Atamil ndi amene abale athu okhala ku Durban amakumana nao, zidzukulu za anthu amene kuyambira mu 1860 ankatengedwa kukadula nzimbe ku Natal, ntchito yomweyi ya pa Dwangwa. Kwao ndi anthu a mpunga, a nsomba ndi a nyanja monga ife. Ndipo pali china chimene chinatiseketsa titachimva kwa wansembe mnzathu wochokera kumeneko, amene anatibwereka mafilimu ena: bambo wa Chitamil akamalankhula ndi mwana wake wamkazi mwachikondi amamutchula kuti amma, ndiye kuti mai. Kodi si momwenso ife timachitira, mwana akapatsidwa dzina la agogo ake, bambo nkumamuitana kuti amai, iye akadakwaŵa?

Viswasam si yopambana mwa mafilimu ameneŵa. Yoyenera kuiona mwachifatse ndi Thanga Meenkal, ya mu 2013, dzina lotanthauza nsomba zagolide. Anaikonza ndi mkulu wotchedwa Ram, ndipo iye mwini ndiye anaseŵera ngati Kalyani, bambo wosauka, wolephera m'maso mwa aliyense, wokhala m'nyumba ya makolo ake, amene ngakhale ndalama ya sukulu ya mwana wake Chellamma imamuvuta. Mwanayo m'kalasi ndi wotsalira. Aphunzitsi amamunyoza, anzake amamuseka. Munthu mmodzi yekha pa dziko lonse amene amakhala pansi nkumvetsera mafunso ake osatha, za dziŵe la m'mudzi mwao ndi nsomba zagolide zimene iye amakhulupirira kuti zilimo, ndi bambo wakeyo. Umphaŵi utamukankhira ku Kochi kukagwira ulonda, Kalyani amaimbabe lamya, ndipo mwanayo amadziŵa ola lake. M'filimu yonseyo bamboyu sapambana nkhondo iliyonse, salemera, samenya munthu kuti anthu aombe m'manja. Chimene ali nacho ndi makutu. Taikumbukira filimu imeneyi chifukwa imatilanda chodzikanira chathu chachikulu, chija chakuti ubambo ndi ndalama, ndipo wopanda ndalama angokhala phee.

Ram yemweyo anadzakonzanso Peranbu, imene inaonetsedwa koyamba mu 2018, ndipo iyi ndiyo imene tikanakonda kuti aliyense amene ali ndi pasipoti ya ku Joni m'thumba aione asanakwere basi. Mammootty akuseŵera ngati Amudhavan, munthu amene wagwira ntchito ku Dubai zaka zoposa khumi, akutumiza ndalama mokhulupirika, nkumadziyesa bambo wabwino. Mkazi wake atatopa nkuchoka, iye akubwerera kudzapeza mwana wamkazi wa zaka 14, wobadwa ndi matenda a mu ubongo amene amaumitsa manja, miyendo ndi lilime. Mwanayo sakumudziŵa. Akumuopa monga mwana aopera mlendo, akukana chakudya cha m'manja mwake. Bamboyo ayenera kuyamba pansi penipeni, kuphunzira zimene mwana wake amakonda, zimene zimamuopsa, ndi choti achite mwanayo atatha msinkhu popanda mai kapena namkungwi pafupi. Muli zina m'filimuyi zimene sitingazivomereze, ndipo si ya ana. Koma funso lake ndi lathu ndithu. Dziko lino lakhala likutumiza abambo kutali kwa zaka zoposa zana: ku Halale, ku migodi ya Wenela, mpaka ndege ija inagwa ku Francistown mu 1974 nkupha anthu athu oposa 70, kenaka Theba, ndipo lero ndi mabasi a ku Johannesburg ndi ku Cape Town. Msodzi naye, ngakhale sanaoloke malire, amatsata usipa miyezi itatu kapena inai, lero ku Nkhata Bay, maŵa ku Salima. Sitikunyoza ulendo; njala siidikira. Koma tazoloŵera kuganiza kuti amene watumiza ndalama pa lamya wamaliza udindo wake. Malata angathe kufika pa mudzi mwini wake asanafike, koma mwana sakula ndi malata. Angati a ife, atabwerera lero, mwana wao wamkazi angaŵathamangire, ndipo angati angaŵagwadire patali monga agwadira mfumu ya mudzi wina?

Tsono apa mpamene akuluakulu amatidula mau. Amati: inu mwaphunzira za azungu ndi za Amwenye, mwaiŵala kuti kuno nkwa Acheŵa. Mwana ndi wa kuchikazi. Mkamwini ndi tambala wobwereka. Mwini mbumba ndi mtsibweni, ndiye nkhoswe, ndiye amaweruza za ukwati, za matenda ndi za maliro. Bambo akayamba kuloŵerera za mwana wamkazi, ndiye kuti akulanda mpando wa eni ake.

Mau ameneŵa sitikuŵapeputsa, ndipo sitili m'gulu la amene amati chikamwini ndicho chinaononga mabanja. Anthu ena ochokera kunja, ndi ena a mipingo yomwe, analimbana nacho chikamwini zaka zambiri osachimvetsa. Mwambo umenewu unali ndi nzeru zake zakuya. Mkazi ankakhala pa nthaka ya amai ake, pakati pa abale ake, kotero kuti mwamuna wankhanza ankaganiza kaŵiri asanakweze dzanja. Kubadwa kwa mwana wamkazi kunali chimwemwe, pakuti ndiye tsinde la mudzi. Koma tiyeni tifunse moona: kodi mwambowo unanenapo liti kuti bambo asadziŵe ngati mwana wake wadya? Mkamwini ankalima munda wa apongozi, ankamanga nyumba ndi nkhokwe, ankaveka mkazi ndi ana, ndipo waulesi ankamusonyeza njira ya kwao. Mwambo unampatsa mwana amuna aŵiri omuteteza, mmodzi wa pa khomo, wina wa pa bwalo. Sunachotsepo mmodzi ai.

Ndipo amene amati Amwenye alibe atsibweni alakwa. Kwa Atamil mlongo wa mai ndi munthu wamkulu kwambiri. Mtsikana akatha msinkhu, mtsibweni ndiye amabwera kudzammangira kachisakasa ka masamba a mgwalangwa kapena a kokonati momwe amabindikiramo, ndiye amabweretsa nsalu ndi mphatso, ndipo pa ukwati ali ndi malo ake osalandidwa. Komabe ulemu wa mtsibweniwo sunaŵaletse kukonza mafilimu ambirimbiri a bambo ndi mwana wake wamkazi. Ina mwa izo, Deiva Thirumagal ya mu 2011, ndi mlandu umene bwalo lililonse la kwa Malengachanzi kapena kwa Kanyenda lingauzindikire msanga: mai wamwalira pobereka, bambo wake wa mwanayo, amene akuseŵera ndi Vikram, ndi munthu wa nzeru za mwana wamng'ono, ndipo akuchikazi, anthu olemera, abwera kudzatenga mwana. Bamboyo akulimbana mpaka ku khoti. Atampeza mwanayo, iye mwini akumubwezanso kwa akuchikazi kuti akaphunzire bwino. Sanalimbanire kuti mwana akhale chuma chake. Analimbanira kuti asafafanizidwe m'moyo wa mwanayo.

Nanga mtsibweni wathu wa lero ali kuti? Ali ku Lilongwe, ali ku Joni, kapena ali pa doko lomwelo, m'kanyumba ka kanema kena, akuuza mwana wa mlongo wake kuti pita kwa bambo ako, nanenso ndili ndi anga. Sukulu, ntchito ya malipiro ndi chitengwa zinasintha zinthu kalekale. Mwamuna wa lero akagula njinga yamoto kapena injini ya boti, safuna kumva zakuti adzalandira ndi ana a mlongo wake. Amafuna ana ake. Boma nalo linatsata momwemo: lamulo la chuma cha masiye la mu 2011 limaika mkazi ndi ana patsogolo, ndipo lamulo la chisamaliro ndi chitetezo cha ana la mu 2010 limanena poyera kuti kholo lili ndi udindo wosamala mwana wake, ndipo lingathe kukakamizidwa ndi khoti. Choncho taonani ukathyali wathu. Pa nkhani ya chuma ndife abambo a makono. Pa nkhani ya ufa, yunifolomu ndi sopo ndife akamwini a makedzana. Bambo akuloza mtsibweni, mtsibweni akuloza bambo, ndipo pakati pa zala ziŵirizo pali mtsikana ndi beseni lake, usiku, pa doko lodzaza ndi amuna a ndalama za nsomba m'matumba.

Tonse tikudziŵa chimene chimachitika pa gombe, ngakhale sitichitchula m'misonkhano. Usipa ukachepa, ogula nkuchuluka, mtengo wake suthera pa ndalama zokha. Amai ena amapeza nsomba za pa thandala polipira ndi thupi lao, ndipo matenda ayenda m'njira imeneyi kuchokera doko lina kufikira lina. Mtsikana wogulitsa mandasi amaona zonsezi, ndipo amene amayamba kumugulira beseni lonse nthaŵi imodzi kaŵirikaŵiri ndi munthu wa msinkhu wa bambo wake, mnzake wa bambo wake, wokwera naye bwato limodzi. Atamil anaijambula nkhani yotere mu 1994 m'filimu ya Mahanadhi. Kamal Haasan akuseŵera ngati bambo wa kumudzi, wamasiye, amene anyengedwa pa malonda ku Madras nkuponyedwa m'ndende. Potuluka apeza ana ake atabalalika, ndipo wamkazi akukampeza kutali ku Kolkata, m'nyumba zogulitsiramo akazi. Amubweretsa kwao. Usiku mwanayo akubwebweta m'tulo, akuchonderera amuna amene sali pomwepo, bambo wake ali chilili kumvetsera. Sitinaonepo munthu amene anaiona mbali imeneyi nkutha kulankhula msanga. Ife a ku Nkhotakota tili ndi chifukwa chathu chakutichititsa nthumanzi. Pa gombe lomwe lino, kuyambira m'zaka za m'ma 1840, Jumbe Salim bin Abdullah ndi omtsatira ankasonkhanitsa anthu ndi kuŵaolotsa nyanja pa ulendo wa ku Kilwa. Alendo timaŵaonetsa mtengo umene David Livingstone anakhalapo, ndipo mlandu wonse timaukankhira kwa obwera. Koma akuluakulu amasimba kuti sikuti onse ogulitsidwa anagwidwa pa nkhondo. Ena anaperekedwa ndi abale ao ngati chikole cha mlandu kapena cha njala. Wogula sagula popanda wopereka, kapena wina woyang'ana kumbali.

Pali chodzikanira china chimene chili ndi mphamvu kuposa cha mtsibweni, ndipo ichi tiyenera kuchigwira mosamala: manyazi. Mtsikana akatha msinkhu nkulangidwa, amauzidwa kuti asaloŵenso ku chipinda cha makolo ake, asakhale moyandikana ndi bambo wake, alankhule naye atagwada. Malangizo ameneŵa sanabwere chabe. Makolo ankadziŵa mtima wa munthu, ndipo nkhani zimene timamva m'makhoti, za abambo ogwirira ana ao omwe, ena ati pofuna zizimba za chuma, zikutsimikiza kuti mpandawo unali wofunika. Sitikuuza munthu kuti augwetse. Zimene amachita abambo a m'mafilimu aja, kupesa tsitsi la mwana wamkulu kapena kumukumbatira pa gulu, nzakwao, ndipo sitikunena kuti tizitengere. Koma mpanda wa chipinda tausandutsa mpanda wa moyo wonse. Kodi ndi mwambo uti umene umaletsa bambo kufunsa kuti mayeso unakhoza bwanji? Ndi namkungwi uti amene analangiza kuti bambo asapite ku msonkhano wa makolo ku sukulu, kumene mukaŵerenga mitu mupeza amai makumi anai ndi abambo atatu, mmodzi mwa iwo ndi wapampando? Ndi ulemu wa mtundu wanji umene umalola kuti mwamuna woyamba kuuza mtsikana kuti ndiwe wanzeru, ndiwe wofunika, akhale wogula usipa wochokera ku Mchinji? Mtsikana amene sanamvepo mau okoma kwa mwamuna amene safuna kanthu kwa iye, adzakhulupirira mau okoma a mwamuna woyamba amene akufuna kanthu.

Tisapusitsidwe tsono, kuganiza kuti ku Tamil Nadu ndi kumwamba kwa ana aakazi. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Kumeneko banja la mkazi ndilo limapereka chuma kwa banja la mwamuna pa ukwati, golide ndi katundu, ndipo ngakhale India analetsa zimenezi ndi lamulo mu 1961, mchitidwewo sunathe. Kotero kwa wosauka mwana wamkazi ankaoneka ngati ngongole yobadwa nayo. M'madera ena monga Usilampatti makanda aakazi ankaphedwa atangobadwa, mpaka mu 1992 boma la chigawocho, motsogozedwa ndi mai Jayalalithaa, linaika timabedi pa zipatala, kuyambira m'boma la Salem, kuti kholo losafuna mwana wamkazi lizimusiya m'menemo m'malo momupha. Filimu ya Karuthamma ya mu 1994, yokonzedwa ndi Bharathiraja, inaulula zimenezi poyera. Ife tikuganiza kuti mafilimu a bambo ndi mwana wamkazi anachuluka kumeneko chifukwa mtunduwo unali ndi bala, ndipo unafuna kudziphunzitsa wokha kukonda chimene unkataya. Ambiri mwa iwo alinso ndi chilema chao: bambo amakonda mwana monga munthu akondera munda wake, mai amasanduka mthunzi chabe, ndipo chikondi chimayesedwa ndi kuchuluka kwa anthu amene bamboyo waŵathyola nthiti. Ndi Abhiyum Naanum ya mu 2008 imene inalimba mtima kuseka bambo wotere. Prakash Raj akuseŵera ngati bambo amene mtima umamuthaŵa mwana wake akangokwera njinga, ndipo mwanayo atapita ku Delhi kukaphunzira nkubwerako ndi mwamuna wa mtundu wina, Msikh wa nduŵira kumutu, bamboyo ayenera kuphunzira kuti kulera nkukonzekera kutsanzikana.

Koma taonani kusiyana kwake, ndipo apa mpamene manyazi athu ayenera kukula. Iwo anayamba ndi mwambo woona mwana wamkazi ngati katundu wolemera, ndipo akuyesa kutulukamo. Ife tinayamba ndi mwambo woona mwana wamkazi ngati mwini mudzi, ndipo tafika pomuona ngati pakamwa pamodzi pofunika kuchotsa pa mbale. Kafukufuku wa boma wa za umoyo ndi chiŵerengero cha anthu wa mu 2015 ndi 2016 anapeza kuti mwa akazi 100 alionse a zaka 20 mpaka 24 m'dziko muno, 42 anakwatiwa asanakwane zaka 18, ndipo mwa atsikana 100 a zaka 15 mpaka 19, okwana 29 anali ndi mwana kapena pathupi. Sukulu zitatsekedwa mu 2020 chifukwa cha mliri wa Covid-19, atsikana zikwizikwi sanabwererenso m'kalasi. Lamulo la maukwati la mu 2015 linaika zaka 18, ndipo mu Febuluwale 2017 Nyumba ya Malamulo inasintha malamulo aakulu a dziko lino nkuchotsa ndime imene inkalola mwana wa zaka zoyambira 15 kukwatiwa. Kumbukirani chimene ndimeyo inkafuna kuti ukwati wotere utheke: chilolezo cha makolo. Aphungu anayenera kusintha malamulo aakulu a dziko kuti ateteze ana kwa ife makolo ao. Ndipo tambala wobwereka uja, amene pa tsiku la ufa analibe mau, pa tsiku lolandira kangachepe ka mkamwini watsopano amapezeka atakhala pa mpando, atavala jekete.

Malemu Inkosi Theresa Kachindamoto a ku Dedza, kummwera kwa nyanja yomwe ino, anathetsa maukwati a ana mazanamazana, nabwezera anawo ku sukulu, naimitsa pa udindo mafumu amene ankalekerera. Timaŵatamanda, ndipo nkoyenera. Koma ukwati uliwonse umene maiwo anathetsa unali ndi bambo wake wa mtsikanayo penapake, wamoyo, wodziŵa. Ntchito imene mfumu inagwira ndi ndodo ya ufumu, munthu mmodzi akanatha kuigwira pa khonde la nyumba yake ndi liu limodzi lakuti iyai.

Asodzi asatiuze kuti sadziŵa kudikira kuti chinthu chikhwime. Pa chilumba cha Mbenje, m'dera la mfumu Makanjira ku Salima, pafupi ndi ife pompa, pali lamulo limene lasungidwa kuyambira m'zaka za m'ma 1950. Mvula ikayamba chilumbacho chimatsekedwa, aliyense amachokapo, ndipo palibe amaponya khoka mpaka mfumu itatsekulanso, kuti utaka uswane ndi kukula. Pa chilumbapo saloleza moŵa, chamba kapena juga, ndipo wolakwa amapitikitsidwa ndi asodzi anzake omwe. Anthu ophunzira amachokera kutali kudzaona nzeru imeneyi. Ndiye kuti amuna a pa nyanja amatha kupangana, amatha kudziletsa miyezi ingapo njala ili m'mimba, amatha kulanga mnzao chifukwa cha kansomba kosakhwima. Makomiti a m'madoko athu amalanda maukonde a maso ang'onoang'ono. Sitinamvepo komiti ya pa doko itakhala pansi kupangana kuti mlovi wopezeka ndi mtsikana wa sukulu sakweranso bwato la munthu aliyense pano. Eni zilimira akanafuna, lamulo limeneli likanayamba sabata ino, popanda kudikira boma kapena bungwe la kunja.

Za umphaŵi tazimva, ndipo nzoona: nsomba zachepa, mafuta a injini akwera, chinangwa chokha sichilipira sukulu ya sekondale. Koma munthu yemwe uja anapeza ndalama yoloŵera ku kanema. Ndipo zambiri zimene mwana wamkazi amasoŵa kwa bambo wake sizigulidwa pa sitolo. Kudziŵa kalasi imene ali ndi dzina la mphunzitsi wake. Kumuuza mai wake kuti dzuŵa likaloŵa, beseni libwerere ku nyumba, zotsala tidya tokha. Kumuperekeza pa njinga tsiku la mayeso a Sitandade 8. Akalakwa nkutenga pathupi, kusampitikitsira kwa mnyamatayo usiku womwewo ngati mbuzi yolipira mlandu, pakuti kuyambira mu 1993 boma limalola mtsikana wotere kubwerera ku sukulu atabereka, ndipo kaŵirikaŵiri chotsekereza si mphunzitsi wamkulu koma mkwiyo wa bambo. Ife a mu mpingo tili ndi mbali yathu ya mlanduwu. Tili ndi mabungwe a amai olimba, amene amalangiza atsikana. Koma pa maphunziro a ukwati timauza mnyamata zambiri za mkazi wake ndi zochepa kwambiri za mwana wamkazi amene adzabadwe, ndipo m'miphakati nkhani ya ana timaisiyira amai ngati kuti ndi ya kumphika.

Tiyenera kuvomera chinthu chimodzi tisanaike cholembera pansi. Madzulo aja, mtsikana uja atauzidwa za atsibweni, ife tinali pomwepo, mpando umodzi kumbuyo kwa bambo wake. Tinamva zonse. Tinaganiza zomugwira pa phewa mkuluyo, kenaka tinaganiza kuti si mkhristu wathu, si malo ake, ndipo mwina tingamuchititse manyazi pa anzake. Galimoto linaliza hutala, ife nkutuluka. Filimuyo tinadzaimaliza tokha kunyumba: pa mapeto pake mwana uja amazindikira, nkumuitana munthuyo kuti Appa, ndiye kuti ababa, ndipo tikukhulupirira kuti chipeŵa chija chinagwiranso ntchito.

Tinadzeranso pa doko lomwelo mu Okutobala, nyanja ili bata, nyali za asodzi zitayamba kale kuyaka pa madzi. M'kanyumba muja munali filimu ina, ya nkhonya zokhazokha. Beseni la mandasi linali pa khomo pomwe paja, koma analisenza ndi mwana wamng'ono, wa zaka ngati zisanu ndi zinai, nkhope yofanana ndi ya uja. Tinagula mandasi aŵiri, nkumufunsa kuti mkulu wake ali kuti. Anatipatsa chenje ndi manja aŵiri, nati: "Achemwali anapita ku banja, ku Chia."